Uthenga umene ndinasenza kuchoka pa Katete

Ntchito yanga ndi ya pakamwa. Anzanga amapita kukajambula misewu yokumbika, zipatala zopanda madzi ndi milatho yokokoloka, n'kubwera nazo zithunzizo ku Lusaka. Ine ndimakhala m'kachipinda kozizira n'kumafotokoza zimene zikuonekazo. Mawu aja amamveka mufilimu mwini wake osaoneka ndi anga. Ndakhala ndikumvetsa anthu chisoni ndi malo amene sindinapondeko phazi, ndipo sindichita nazo manyazi, poti nayenso wolengeza maliro pa wailesi sawadziwa omwalirawo.

Ulendo uno anati ndipite nawo, chifukwa ndine wakummawa, wobadwira kufupi ndi Mkaika. Wojambula wathu, Mwansa, ndi Mbemba, ndipo Chinyanja chake n'cha m'maminibasi a mu Lusaka, chokwanira kukangana ndi kondakitala koma osati kulonjera nacho akuluakulu a kumudzi. Tinkapita ku Vubwi kukajambula mlatho wa pamtsinje wa Champhanda, umene mvula ya mu Januwale inaudula pakati.

Galimoto yathu inatifera pa Sinda. Dalaivala anazemba dzenje limodzi n'kugwera m'linzake lobisala m'madzi, chitsulo cha kumawilo n'kuthyoka. Amakanika a pamenepo anachitembenuza uku ndi uku, n'kunena kuti china chichokere ku Lusaka. Tinagona pomwepo. Kutacha tinamusiya dalaivala akulondera galimoto yake, ife n'kusenza zikwama kupita pokwerera minibasi. Mwansa ankanena kuti misewu ya kwathu inakumbika chifukwa anthu ake amasaka mbewa paliponse. Ndinamuyankha kuti kwawo misewu sakuifuna n'komwe, poti ndiwo zawo ndi anyani, zimayenda m'mitengo.

Minibasi inali ndi anthu atatu okha, koma kondakitala ankalumbira kuti yatsala munthu mmodzi. Tinakhala, dzuwa n'kukwera. Pambali panga panali mayi wina wa zaka zapakati, wovala mwaudongo, atafungatira chikwama chimene munkaoneka bulangete latsopano, shuga ndi botolo la chakumwa cha malalanje. Anandiuza kuti ndi a Mbewe, mphunzitsi pasukulu ina ya pa Sinda pomwepo. Magetsi kwawoko anali atazima masiku angapo, foni yawo n'kuthima, moti uthenga unachita kudzera kwa ahedi usiku wapitawo: amayi awo akudwala kwambiri kumudzi, abwere msanga. Nditafunsa kumudziko, anatchula mudzi wa kutsidya kwa mlatho womwe uja tinkaulondola.

Anandibwereka foni kuti aimbire alongo awo, a Lekisoni. Analankhula mwachidule. Ndinangomva akufunsa ngati amayi adyako kanthu, kenaka n'kuti, "Chabwino achimwene, ndili m'njira." Pobweza foniyo anandiuza kuti amayi awo ndi munthu wouma mutu, matenda a kuthamanga kwa magazi ali nawo koma mankhwala amamwa tsiku limene akumbukira. Anaseka pang'ono, ine n'kusekanso.

Tinafika pa Katete dzuwa litatentha kale. Zopita ku Chadiza kunalibe, kupatula kanta imodzi, lole yaing'ono, imene inkapakira feteleza ndi makatoni a sopo kuseri kwa msika. Mwini wake anatiuza mtengo woposa wa masiku onse, ndipo titadandaula anati, "Bosi, simulipira mtunda, mulipira matope." Anatinso tinyamuka manje manje, kutanthauza pompano. Ine mawu amenewo ndinakula nawo, choncho ndinakagula chimanga chootcha n'kukhala pamthunzi.

Ndili pamenepo foni inalira. Anali a Lekisoni. Anafunsa ngati mlongo wawo ali pafupi, ndipo nditati ali uko akucheza ndi Mwansa, anandipempha kuti ndipatuke. Ndinapita kuseri kwa sitolo ya njinga.

"Pepani bambo, sitidziwana," anatero, "koma ndinu wamkulu, ndamva mawu anu. Amayi anatisiya dzulo mmawa. Mlongo wangayo musamuuze. Mungondifikitsira kuno."

Anafotokoza kuti mayiwo anagwa m'munda mbandakucha. Anawaika m'ngolo kuthamangira nawo kuchipatala, chimene chili tsidya lino, ulendo woti kale njinga inkafika tiyi asanazizire. Atafika pamlatho anapeza madzi ali m'khosi. Anadikira kuti aphwe, ng'ombe zili m'goli, mpaka mayiwo anatsirizikira m'ngolo momwemo. Kosungira maliro nakonso kuli tsidya lino, ndiye ndi kutentha kumeneku panalibe zosunga thupi masiku ambiri. Adzukulu anali atayamba kale kukumba, ndipo maliro aikidwa lero lomwe madzulo. A Lekisoni anati masana madzi amatsika, anyamata amaolotsa anthu chowagwira dzanja, tikafulumira tiwapeza.

Mwambo umenewu ndimaudziwa, ndipo sindinauonepo choipa. Kwathu munthu wa paulendo sauzidwa maliro. Amauzidwa kuti matenda akula, kuti ayende ndi miyendo yake yonse, asakomoke m'basi pakati pa alendo, akalire pofika pamene pali omugwira. Nanenso bambo anga atamwalira anandiitana ndi mawu omwewo. Koma sindinaganizepo za munthu amene amakhala pambali pa woitanidwayo akudziwa. Ndinabwerera kukanta kuja chimanga chili m'manja, osachilumanso.

Mwansa anaona nkhope yanga. Titakwera, a Mbewe atapatsidwa malo kutsogolo ndi dalaivala, ife tili kumbuyo pamatumba a feteleza, ndinamunong'oneza. Anakwiya.

"Ba Phiri, si bwino. Ni amai awo. Muwauze chabe."

Ndinamuuza kuti ine si mwini maliro, ndipo mlendo sathyola mwambo wa eni ake. Anati mwambo wotere ndi bodza lovala jekete. Apo n'kuti kanta italowa kale mumsewu wafumbi, ndipo aliyense ankasamala lilime lake kuti asalilume.

Kuchoka pa Katete kukafika ku Chadiza tinatitimira kawiri. Koyamba tinatsika amuna tonse n'kukankha, matope akutimwazikira kumaso. Kachiwiri sizinatheke mpaka tinatsitsa matumba, n'kudula nthambi zoyala pansi pa mawilo, n'kupakiranso. Mkulu wina wogula mtedza, amene anali atavala nsapato zoyera, anaima patali akutiuza mokankhira. Nthawi yonseyo ine diso linali padzuwa. A Mbewe anatsika n'kutipatsa madzi osamba m'manja, ndipo anandithokoza kuti ndikukankha ngati wodwalayo ndi wanga. Mawu amenewo anandilasa, ndinangoyang'ana pansi.

Ndili pamatumba paja ndinakumbukira chiganizo chimene ndachinena kambirimbiri pantchito yanga: anthu a m'derali akuvutika kupeza thandizo la chipatala. Ndimachinena bwino, motsitsa mawu, ndipo ondilemba ntchito amachikonda. Si chabodza. Koma mulibe ngolo m'chiganizo chimenecho, mulibe ng'ombe zoima m'goli, mulibe mwana wamkazi wonyamula shuga kupita kwa munthu amene akumukumbira manda. Mlatho ukaduka ife timayeza chitsulo ndi simenti zimene zapita. Sindinaonepo woyeza mtunda umene wawonjezeka pakati pa munthu ndi mayi ake.

Pa Chadiza kanta inathera pomwepo. Tinadikiranso. Kunabwera kagalimoto kakang'ono kopita ku Vubwi, kamene chitseko chake chimodzi chinali chomanga ndi lamba wa njinga. Tinalowa asanu kumbuyo, Mwansa atakumbatira kamera ngati khanda. Apa panalibe pothawira, a Mbewe anali phewa ndi phewa ndi ine. Anayamba kundisimbira za amayi awo: kuti anawaphunzitsa ndi ndalama za fodya ndi mtedza bambo atamwalira, kuti ndi mtsogoleri wa amayi a chigwirizano kumpingo kwawo, ndipo salola mayi aliyense kulowa m'tchalitchi mpango woyera utapendama. Anati ulendo uno sawasiyanso kumudzi, awatenga akakhale nawo pa Sinda, afune asafune. Anandifunsa ngati ndikuona kuti nkhalamba ingazolowere nyumba ya pasukulu. Ndinati zimatengera munthu. M'moyo mwanga sindinanenepo mawu opepuka ngati amenewo, ndipo anandilemera kuposa thumba la feteleza lija.

Tikuyandikira Vubwi, kumapiri a cha ku Mozambiki kunada bii. Kumene tinali ife sikunagwe dontho, koma dalaivala anapukusa mutu n'kunena kuti mvula ya uko ndi imene imadzaza Champhanda. Pa boma sitinakhalitse. Tinapeza njinga zamoto zitatu, n'kutsetsereka nazo m'kanjira ka pakati pa minda, chimanga chikutikwapula m'mawondo.

Mtsinje tinaumva tisanauone. Mlatho unali utaduka ngati munthu waluma chinangwa: mbali ya kuno inatsala, ya tsidya inatsala, pakati pakudutsa madzi ofiira onyamula mitengo ndi mapesi. Madziwo anali atasefukiranso m'madimba a mbali zonse ziwiri, moti anthu a tsidya ankaoneka ang'onoang'ono. Anyamata oolotsa anali atakhala pansi, malaya atavala. Anati lero palibe woponda m'madzi, ngakhale atabwera ndi ng'ombe yamoyo kudzawalipira.

Pagombe panali anthu ambiri odikira: amayi a mitolo ya masamba, bambo wina wa malata awiri, achinyamata a njinga zodzaza katundu wochoka ku Malawi. Pansi pa mkuyu mayi wina wachikulire, amene anthu ankamutchula kuti aNabanda, ankagulitsa zitumbuwa. A Mbewe atawalonjera n'kutchula kwawo, anthu anayankha mwaulemu woposa muyeso. Wina anawapatsa mpando, wina anawauza kuti pasukulu yapafupi pali aphunzitsi anzawo amene angawasunge usikuwo, aoloke mmawa madzi akaphwa. A Mbewe anayang'ana madziwo nthawi yaitali, n'kuusa moyo.

"Palibe kanthu," anatero. "Usiku umodzi si chaka. Mawa ndikawaphikira phala ndekha."

Ndinapatukanso n'kuimbira a Lekisoni. Ndinawapempha kuti maliro agone, aikidwe mawa. Anati ayesa kale, zakanika. Adzukulu akuti manda okumba sagona apululu, madzi ayamba kale kulowamo, ndipo thupi layamba kusintha. Abusa afika, nyimbo zayamba. Ndinafunsa kuti nanga mlongo wawo.

"Musamuuze, bambo, chonde. Ndimamudziwa, adziponya m'madzimo. Tiika maliro awiri. Mawa akaoloka tidzamukhazika pansi, tidzamuonetsa pamene agona."

Sindinganene kuti a Lekisoni ankalakwa. Madzi aja akanatenga ng'ombe. Koma mwambo umene unapangidwa kuti munthu afike pamaliro ali wamphumphu, tsopano unkamugoneka pasukulu mwamtendere, mayi ake akukwiriridwa kutsidya kwa mtsinje. Amene anauyambitsa ankadziwa kuti njira imafika. Ndinaima pamenepo foni ili m'manja, ndili ndi mantha enieni. Ndikanena, mwina ndimupha munthu. Ndikakhala chete, ndimulanda chinthu chimene palibe adzamubwezere.

Ndinapita kwa aNabanda aja, n'kugwada pambali pa dengu lawo ngati wogula, ndi kuyamba kufotokoza mozungulira. Sanandilole kumaliza.

"Tikudziwa tonse pano, bambo. Ngoloyo inaima apo, patsidya apo. Tinkaiona. Mwana wawo wamwamuna ankakuwa kuti tiitane adokotala, ife n'kumangoyang'ana. Takhala chete chifukwa si ife abale."

Ndinawauza kuti maliro akuikidwa madzulo omwewo. Apa nkhope yawo inasintha. Iwo ankayesa kuti ndi mawa. Anavundikira zitumbuwa zawo, n'kuimirira, n'kukodola amayi ena atatu. Sanandifunse maganizo, ndipo ndinathokoza mumtima kuti katunduyo wachoka pamutu panga, ngakhale kuti womutula ndinali ine.

Anawatenga a Mbewe n'kupita nawo kuseri kwa mkuyu, kutali ndi madzi. Anawakhazika pansi, mmodzi kumanja, wina kumanzere, wina kumbuyo. ANabanda anavula chitenje chawo chapamwamba n'kuwamanga nacho m'chiuno molimba, monga amachitira ndi namfedwa. Ndikhulupirira kuti a Mbewe anadziwa pa chitenjecho, mawu asanatuluke. Kulira kwawo sindikufotokoza. Anayesadi kudzuka kuthamangira kumtsinje, koma amayi aja anali atawagwira kale, ndipo anagwa nawo pansi onse pamodzi. Amuna tinayang'ana kumbali. Mwansa anali ataika kamera pansi, akulira ngati mayiwo ndi ake.

Patapita nthawi a Mbewe anatumiza mayi mmodzi kudzatenga foni yanga. Ndinaipereka ndikudziwa kuti a Lekisoni sadzandikhululukira msanga. A Mbewe sanawakalipire alongo awo. Mawu awo anali osasa koma okhazikika.

"Achimwene, ndamva. Sindilowa m'madzi, musaope. Koma musapite nawo kumanda ndisanawaone. Abweretseni pamlatho."

Kutsidyako kunali kukangana, tinkakumva pafoni. Akuluakulu ankati maliro akatuluka m'nyumba njira yake ndi imodzi, sayendayenda. Ena ankati mdima ugwa, mvula ikubwera. A Mbewe sanatsutsane nawo. Ankangobwereza kuti ali pamlatho, akudikira. Kenaka foni inaduka, ndipo sitinadziwe chimene agwirizana.

Tinadikira. Bambo wa malata uja anavula chipewa, achinyamata a njinga anazimitsa wailesi yawo. Mitambo ija inali itafika pamwamba pathu, kuwala kukuchepa. Ine ndinali nditayamba kuganiza kuti ndawaliritsa mayiwa pachabe, kuti bola akanagona usiku umodzi wina ali ndi mayi.

Ndiye tinamva nyimbo. Inkabwera pang'onopang'ono kuchokera m'chimanga cha kutsidya, madzi akuimeza n'kuibweza. Kunatulukira amayi ovala zoyera ndi zakuda ali pamzere, pambuyo pawo amuna atasenza bokosi. Anatsika nalo mpaka pamene mlatho unathera, n'kuliika pansi. Amayi a tsidya lino, amene ambiri sankamudziwa n'komwe malemuyo, anailandira nyimboyo, moti inkaimbidwa mbali zonse ziwiri za mtsinje, kwinaku kutsogola, kwinaku kutsalira.

A Mbewe anayenda mpaka kumapeto kwa simenti, aNabanda atawagwira chitenje cha m'chiuno. Kutsidya anatsegula bokosi, amuna anayi n'kulidzutsa chakumutu kuti liyang'ane kuno. Koma kunali kutali. Chimene tinkaona ndi kanthu koyera m'kati mwa thabwa, basi. A Mbewe anasuzumira, anapukuta maso, anasuzumiranso.

"Sindikuwaona," anatero. "Amayi anga sindikuwaona."

Mwansa sanafunse munthu. Anaimika kamera pamiyendo yake pafupi ndi iwo, n'kuikokera kutsidya monga amachitira akafuna kujambula mbalame ili mumtengo, kenaka n'kutembenuzira kagalasi koonerapo kwa a Mbewe. Kanyali kofiira kosonyeza kuti akujambula sikanayake. Ndinali kumbuyo kwawo, ndipo nanenso ndinaona: nkhope ya mayi wokalamba, yaing'ono, ya masaya olowa, atavekedwa bulauzi yoyera ya chigwirizano ndi mpango woyera kumutu. Chithunzicho chinkanjenjemera pang'ono chifukwa mlatho unkagwedezeka ndi madzi.

A Mbewe anasiya kulira. Anayang'ana nthawi yaitali, nkhope ili pafupi ndi kagalasiko, dzanja lili pakamwa. Mvula inayamba kuwaza, Mwansa n'kuvula jekete lake kufunditsa kamera, osaisuntha. Kenaka a Mbewe anatambasula dzanja chakumbuyo osatembenuka, ine n'kuimbira a Lekisoni, n'kuikamo foni.

"Achimwene, mpangowo wapendama. Auzeni alamu aukonze. Kumanzereko, khutu likuonekera."

Pakagalasi paja tinaona manja a mayi wina akulowa m'bokosi, akukoka mpango, akuusalaza pamphumi.

"Eya, choncho," anatero a Mbewe. "Tsopano pitani nawo."

Anatseka bokosi, analisenza, ndipo nyimbo inakwera nalo mtunda kulowa m'chimanga. A Mbewe anakhala chiimire pamapeto pa mlatho mvula ikuwanyowetsa, mpaka pamene sitinkaimvanso.